Simoni, Maliya ndi Chadzunda: Zimene Msemi Wachichewa Ankanena ndi Mtengo

Sabata ino tapatuka pang'ono kuti tione mbiri ya luso limodzi la makolo athu, luso losema. Ambiri mwa ife tikamva mawu akuti zosemasema timaganiza za ziboliboli zimene zimagulitsidwa m'mbali mwa misewu ya m'tauni: njovu zakuda zonyezimira, mipando ya mafumu, mitu ya anthu yosalala bwino. Amenewo ndi malonda, ndipo amadyetsa mabanja ambiri, kotero palibe chifukwa chowanyozera. Koma kusema kwa makolo athu kunali ndi ntchito ina. Msemi wakale ankasema kuti anene kanthu kwa mudzi wonse, ndipo pakati pa Achewa malo amene mawu akewo ankamvekera kwambiri ndi pabwalo la gule wamkulu.

Tinene poyamba kuti zinsinsi za kudambwe si zathu, ndipo sitizikhudza. Zimene tilembe pano ndi zimene aliyense amaziona gule akatuluka, ndiponso zimene zinalembedwa kale m'mabuku, ena mwa iwo olembedwa ndi ansembe a Mpingo wathu womwewu. Eni mwambo satchula n'komwe mawu akuti chigoba pamene gule ali pabwalo. Kwa iwo chimene chatulukacho ndi chilombo, ndi mzimu wochokera kumanda. Ife tigwiritsa ntchito mawu akuti chigoba kapena nkhope yosema chifukwa nkhani yathu ndi ya mmisiri ndi ntchito ya manja ake, ndipo tikupempha akuluakulu a mwambo kuti atimvetse.

Kuti tione chimene chili chapadera pa nkhope zimenezi, tiyambe taona mmene anthu akunja anazionera zosema za mu Africa. Kumapeto kwa zaka za m'ma 1800, asilikali, amalonda ndi amishoni ankatumiza ku Ulaya zosema zambirimbiri. Zina anagula, zina anapatsidwa, zina analanda ndi mfuti, monga zinachitikira m'chaka cha 1897 pamene asilikali a ku Britain anagonjetsa mzinda wa Benin, m'dziko limene lero ndi Nigeria, natenga m'nyumba ya mfumu zifaniziro zamkuwa ndi za minyanga ya njovu zikwizikwi. Zinthu zotere zinkaikidwa m'nyumba zosungiramo zakale, pambali pa mikondo ndi madengu, ngati umboni wa moyo wa anthu amene ankawayesa osatukuka. M'chaka cha 1907 Pablo Picasso, wojambula wa ku Spain amene ankakhala ku Paris, analowa m'nyumba ina yotere yotchedwa Trocadéro, ndipo zigoba zimene anaona mmenemo zinamugwedeza mtima. Iye ndi anzake anayamba kujambula nkhope zopindika, za maso osalingana, ndipo luso lojambula la ku Ulaya linasintha njira. Zosema za mu Africa zinayamba kukwera mtengo m'misika ya Paris ndi London.

Koma chimene anthuwa anachiyamikira chinali maonekedwe. Ochepa okha ndiwo anafunsa kuti anasema ndani, anasemera mwambo wanji, ndipo chigobacho chikatuluka anthu ankaimba nyimbo yotani. Pa kapepala ka pansi pake ankalembapo dzina la mtundu wa anthu, dzina la msemi ayi. Ife tikuona kuti onyoza oyamba aja ndi oyamikira otsatirawa anali ndi vuto limodzi: onse anachiona chigoba chitakolekedwa pa msomali, chili duu, chopanda thupi. Gogo aliyense wa ku Dedza kapena ku Kasungu akanawauza kuti chimene akuyang'anacho ndi kachidutswa chabe.

Kusiyanaku kumayambira pa mtengo womwe. Msemi wa gule amafuna mtengo wopepuka, chifukwa chimene akusemacho chiyenera kuvina, kudumpha ndi kuthamanga m'fumbi. Wa ziboliboli zamalonda amafuna phingo wolemera kuti chinthucho chikakhalitse pa shelefu. Wa gule uja amayamba ndi nkhwangwa, amatsatira ndi kasemasema, namaliza ndi mpeni. Akatha amapaka utoto, kale wochokera ku dothi ndi makala, masiku ano penti wa m'sitolo. Amaikapo tsitsi la khonje kapena la chikopa cha mbuzi, ndevu, nthenga ndi nsanza. Ntchito yonseyi imachitikira kobisika, ndipo pabwalo palibe amene angaimirire n'kunena kuti ichi ndasema ndine, popeza m'chilankhulo cha mwambo chilombo sichisemedwa ndi munthu. Ulemu wa msemi umathera kwa anzake amkati, amene amalidziwa dzanja lake.

Msemiyu safuna kufanizira nkhope ya munthu wakutiwakuti monga imachitira kamera. Amafuna kuonetsa khalidwe, ndipo kuti khalidwelo lionekere patali, kwa mwana ndi kwa nkhalamba yomwe, amalikulitsa dala. Wadyera amamupatsa kamwa lalikulu ndi mano otuluka. Wosadziletsa amamupatsa nkhope yodyeka ndi matenda. Mtundu wa utoto nawo umalankhula, ndipo kawirikawiri nkhope yofiira imaloza mlendo, munthu wosadziwa mwambo wa pamudzipo. Zilombo zambiri zimaphunzitsa mwa kuonetsa choipa kufikira chitasanduka choseketsa. Anthu amaseka, koma aliyense mwa osekawo amadziwa kuti m'mudzimo muli wina amene akunenedwa, mwinanso iye yemweyo. Imeneyi ndi njira yodzudzulira popanda kutchula dzina. M'mudzi wa anthu apachibale, mmene mkamwini sangayankhe apongozi ake ndipo mwana sangaloze chala atsibweni ake, njira yotere ndi yamtengo wapatali, chifukwa mawu amene munthu wamoyo sangawanene, mzimu umatha kuwanena popanda mlandu.

Taonani Chadzunda, amene ambiri amamutenga ngati tate ndi mfumu ya zilombo. Nkhope yake ndi yakuda, ya makwinya pamphumi, ya dazi, ya ndevu ndi mano ochepa otsalira. Amalowa m'bwalo akutsimphina ngati munthu amene maondo anamutha kalekale. Mlendo amene angachione chigoba chimenechi chili pakhoma anganene kuti msemi anafuna kuonetsa chisoni cha ukalamba, ndipo angakhale ataphonya. Pakuti mbalule ikalira, amayi akayankha nyimbo ndi kuomba m'manja, ndipo Maliya mkazi wake akabwera kudzavina naye, msana wopindika uja umawongoka, miyendo ija imapalasa fumbi ngati ya mnyamata. Tanthauzo lake lili pakati pa nkhope yokalambayo ndi miyendo yamphamvuyo: mfumu ndi kholo ali ndi udindo wopatsira moyo ku mbumba, ndipo mphamvu yakeyo saipeza ali yekha, amaipeza m'banja losunga mwambo. Msemi anasema makwinya aja akudziwa kuti miyendo idzawatsutsa. Iye anali mmodzi chabe mwa olankhula angapo, pamodzi ndi wopeka nyimbo, oimba ng'oma ndi amayi. Tionjezere pano kuti amayiwo, ngakhale safika kudambwe, popanda iwo gule sangakome ndipo uthenga sungamveke.

Nanga n'chifukwa chiyani mizimu ya anthu imabwera ngati zilombo? Abambo Matthew Schoffeleers, wansembe wa chipani cha Montfort wochokera ku Netherlands amene anagwira ntchito zaka zambiri m'Malawi muno, anafuna yankho lake m'nthano ya Kaphirintiwa. Nthanoyo imati pachiyambi mwamuna ndi mkazi anatsika ndi mvula pa Kaphirintiwa, m'mapiri a Dzalanyama, ndipo mapazi awo anatsala pa thanthwe limene linali lisanaume. Chauta, anthu ndi nyama ankakhala pamodzi mwamtendere, kufikira tsiku limene munthu anapeka moto ndi timitengo tiwiri. Tchire linayaka. Galu ndi mbuzi zinathawira kwa munthu, koma njovu, mkango ndi zinzake zinathawira kuthengo zili ndi mkwiyo, ndipo Chauta anakwera kumwamba pa ulusi wa kangaude. Kuyambira pamenepo imfa inalowa. Malinga ndi Abambo Schoffeleers, gule akatuluka pa maliro kapena pa chinamwali, anthu, nyama ndi mizimu zimakumananso kwa kanthawi pabwalo limodzi monga zinalili pachiyambi, kenaka n'kupatukananso. Amene tinaphunzira buku la Genesis sitingalephere kumva kuti makolo athu nawonso ankadziwa za mtendere wina umene unatayika chifukwa cha dzanja la munthu.

Apa mpamene tiyenera kutchula Kasiyamaliro, ngakhale kuti iye sasemedwa ndi kasemasema. Zilombo zazikulu zooneka ngati nyama, monga Njovu, Chimkoko ndi Kasiyamaliro, zimachita kulukidwa: timitengo topindidwa, udzu ndi makoko a chimanga. Umenewunso ndi umisiri woumba maonekedwe, ndipo m'mwambo zilombo zimenezi zimalemekezeka kuposa zigoba zambiri za mtengo. Njovu situluka pa maliro a munthu wamba. Kasiyamaliro amaoneka ngati ntchefu, ndipo amatengedwa ngati mayi wamkulu wa makolo. Kenji Yoshida, katswiri wa ku Japan amene anakhala pakati pa Achewa a kum'mawa kwa Zambia m'zaka za m'ma 1980, analemba kuti pa mwambo wotsiriza wokumbukira womwalira chilombo cholukidwachi chimafika panyumba ya malemuyo, chimatenga mzimu wake, ndipo mwambo ukatha chimakaotchedwa kuthengo kuti mzimuwo upite ndi utsi ndi mphepo.

Taganizirani zimenezo. Amuna amatha masiku akuluka chinthu chokongola, cha msinkhu woposa munthu, akudziwa kuti mapeto ake ndi moto. Kwa wosunga zakale wa ku Ulaya kumeneku ndi kuononga, chifukwa kwa iye chinthu chaluso chimayenera kutetezedwa ku chiswe ndi ku chinyezi kwa zaka mazana. Kwa eni mwambo, Kasiyamaliro wosaotchedwa ndi Kasiyamaliro amene sanamalize ntchito yake. Ichi ndi chifukwa chimodzi chimene zinthu zakale kwambiri za gule zili zosowa. Zolukidwa zinapsa, ndipo za mtengo wopepuka zinadyedwa ndi chiswe n'kusemedwanso zina. Chimene chinkasungidwa ndi kupatsirana chinali chilombocho, dzina lake, nyimbo yake ndi kavinidwe kake.

Umboni wa msinkhu wa mwambowu tiyenera kuufuna kwina. Akatswiri ambiri amavomereza kuti gule analipo kale m'nthawi ya ufumu wa Maravi, wa a Kalonga, m'zaka za m'ma 1600, ndipo ena amati mizu yake ndi yakale kuposa pamenepo. M'mapiri a Chongoni ku Dedza muli malo 127 a zojambula za pamiyala, amene bungwe la UNESCO linawaika pa mndandanda wa chuma cha dziko lonse lapansi m'chaka cha 2006. Zojambula zofiira ndi zakale, za Akafula. Zoyera ndi za alimi Achichewa, ndipo zina mwa izo zimakhudza chinamwali cha atsikana pamene zina zimaonetsa zilombo za gule. Zambiri za zilombozi zinajambulidwa m'nthawi zovuta, pamene gule ankachita kubisala m'mapanga.

Nthawi zovutazo zinayamba m'zaka za m'ma 1800. Kunabwera amalonda a akapolo, kunabwera Angoni ndi zishango zawo, ndipo pambuyo pake kunabwera boma la atsamunda ndi msonkho wake. Achewa ambiri analamulidwa ndi alendo m'dziko lawo lomwe. Chimene chinatsala m'manja mwawo chinali mzinda, ndiye kuti ufulu wa mfumu ya mudzi wokhala ndi bwalo ndi dambwe, ndipo kumeneko mlendo sankalamula. Pamenepo msemi anasanduka wolemba mbiri. Aliyense wamphamvu amene anafika m'dziko anapezeka kuti wasemedwa, wapatsidwa nyimbo, ndipo akuvina pabwalo pamaso pa amayi ndi ana. Munthu amene sungalimbane naye ndi mkondo ukhoza kumuveka nkhope yofiira ndi kumuvinitsa m'fumbi, mudzi wonse ukuseka.

Amishoni nawonso sanapulumuke. A Dutch Reformed anafika ku Mvera mu 1889 ndi ku Nkhoma mu 1896. Kumbali yathu, ansembe a Montfort anayamba ku Nzama mu 1901, ndipo a White Fathers anakhazikitsa mishoni ya Mua mu 1902, m'dera la mfumu yachingoni Kachindamoto koma pakati pa midzi yambiri ya Achewa. Mipingo yonse iwiri inauona gule ngati mdani. M'zaka za m'ma 1920 mkangano wa ku Mua unakula kwambiri. Anyamata olowa kudambwe ankasiya sukulu, mkhristu wopezeka ku gule ankaletsedwa masakramenti, ndipo milandu inkafika kwa akuluakulu a boma, amene sanafune kuuletsa gule kotheratu. Akatekisiti ndi aphunzitsi a m'midzi, amene ife a lero tinalowa m'malo mwawo, ndiwo anali kutsogolo kwa nkhondoyi, nthawi zambiri akulimbana ndi abale awo enieni. Abambo Schoffeleers ndi wolemba mbiri Ian Linden anafotokoza mkanganowu m'chaka cha 1972, naonetsa kuti funso lenileni linali lakuti ndani adzaumba mtima wa mnyamata wa m'mudzi, sukulu ya mishoni kapena dambwe la mfumu.

Sitiyenera kuwatenga amishoniwo ngati anthu osaganiza. Anaona zinthu zenizeni: ana omenyedwa, anthu othamangitsidwa panjira, nyimbo zolaula, amayi ochititsidwa mantha. Zina mwa zimenezi zimamvekabe mpaka lero, ndipo akuluakulu a mwambo eni ake amazidzudzula. Koma amishoni ambiri a nthawi imeneyo analekera pomwepo, osafunsa kuti nkhope zosemazo zikunena chiyani. Akanafunsa, akanapeza kuti zina zikunena za iwo omwe.

Simoni ndi chilombo cha nkhope yofiira ngati khungu la Mzungu lopsa ndi dzuwa, ndipo dzina lake olemba ambiri amaligwirizanitsa ndi Simoni Petulo wa m'maulaliki a amishoni. Ndi mlendo wodzikweza, wosadziwa kuyenda kwa pamudzi. Maliya ndi nkhani yovutirapo. Nkhope yake ndi yosalala, yoyererapo, yodekha, nthawi zambiri ya mphini m'masaya. Amavala nsalu, mpango ndi mikanda ngati mayi waulemu wake. Dzina lake ndi la Amayi Maria. Koma pabwalo amavina ngati mkazi wapabanja, ndipo kavinidwe kake kamalangiza atsikana za moyo wa m'nyumba. Kwa ife amene timapemphera Korona zimenezi zimatibaya mumtima, ndipo sitiyenera kubisa. N'zoonekeratu kuti munali chitonzo mmenemo. Anthu amene ankaona kubereka ngati dalitso lalikulu koposa anamva za namwali wosadziwa mwamuna, anaona ansembe ndi asisitere osakwatira, ndipo anayankha ndi kasemasema.

Komabe tikaonetsetsa, chitonzo sichifotokoza zonse. Msemi akafuna kunyoza amadziwa kusema choipa, ndipo tanena kale kuti sachita manyazi ndi mano otuluka. Maliya sanamuseme choncho. Anamusema wokongola, anamutema mphini za Achewa, ndipo anamupereka kwa Chadzunda, mfumu ya zilombo, kuti akhale mkazi wake ndi chitsanzo cha amayi onse. Malo apamwamba kuposa amenewo kwa mkazi m'gule ndi ochepa. Maganizo athu ndi akuti msemi wa nthawi imeneyo anachita zinthu ziwiri pakamodzi: anakana mbali ya chiphunzitso imene sanaimvetse kapena sanaifune, ndipo analandira mayi amene anamva kuti akhristu amamulemekeza koposa, namupatsa mudzi ndi mtundu. Ameneyo si Maria wa chikhulupiriro chathu, ndipo palibe katekisiti angaphunzitse ana ndi chigoba chimenecho. Koma ndi umboni woti uthenga wa amishoni unamveka mpaka kudambwe, ndipo unayankhidwa ndi anthu oganiza.

Pali mawu amodzi amene amatseka kukambirana kulikonse pa nkhaniyi, mawu akuti mafano. Ife Akatolika tiyenera kuwagwiritsa ntchito mosamala, chifukwa ndi mawu omwewo amene anzathu a mipingo ina amatiponyera akaona zifaniziro za m'tchalitchi mwathu. Buku la Eksodo limaletsa kusema fano ndi kulipembedza pa mutu 20, koma pa mutu 25 Mulungu yemweyo amalamula Mose kupanga akerubi awiri agolide pa Bokosi la Chipangano. Mu Numeri 21 Mose amapanga njoka yamkuwa imene olumidwa ankayang'ana n'kuchira, ndipo mu 2 Mafumu 18 mfumu Hezekiya amaiphwanya njoka yomweyo chifukwa anthu anali atayamba kuifukizira lubani. Mkuwa unali womwewo, chinasintha ndi chimene anthu ankachita nawo. Msonkhano wachiwiri wa ku Nicaea, m'chaka cha 787, unaphunzitsa kuti ulemu wopatsidwa kwa chifaniziro umapita kwa amene chikumuimira. Tikafunsa funso lomweli pa gule, tipeza kuti Mchewa sagwadira chigoba kuti achipemphe mvula. Nsembe zake ankathira pakachisi kapena patsinde pa mtengo wa msolo, kwa Chauta kudzera mwa mizimu ya makolo. Kusiyana kwenikweni pakati pa gule ndi Mpingo kuli pa chiphunzitso cha akufa, kumene ali ndi mmene amakhudzira amoyo, ndiponso pa malumbiro a kudambwe. Amenewo ndi mafunso akuluakulu oyenera abusa athu, ndipo sayankhidwa pongoloza chala chidutswa cha mtengo.

Mpingo unayamba kufunsa bwino pang'onopang'ono. Ku Nigeria, m'chaka cha 1947, ansembe a chipani cha SMA, mmodzi mwa iwo Abambo Kevin Carroll, anatsegula malo osemera ku Oye-Ekiti kumene amisiri Achiyoruba ankasema nkhani za m'Baibulo m'kasemedwe ka kwawo. Ku Zimbabwe, Abambo John Groeber a ku Switzerland anayamba mishoni ya Serima mu 1948, ndipo tchalitchi chake chinadzaza ndi zosema za ophunzira awo. Msonkhano wachiwiri wa ku Vatican, wa 1962 mpaka 1965, unanena poyera kuti Mpingo ulibe kasemedwe kapena kajambulidwe kamodzi kokha kamene ndi kake, ndipo luso la mitundu yonse lili ndi malo m'nyumba ya Mulungu. Papa Paulo VI ali ku Kampala mu 1969 anauza maepiskopi a mu Africa kuti akhoza, ndiponso ayenera, kukhala ndi Chikhristu cha Chiafrica.

Kwathu kuno chipatso chake chinapsa pamalo omwe panali nkhondo paja. Abambo Claude Boucher, a White Fathers ochokera ku Canada, anafika m'Malawi mu 1967, ndipo mu 1976 anayambitsa malo a luso ndi chikhalidwe a Kungoni ku Mua. Anaphunzira Chichewa ndi miyambo kufikira anthu anawapatsa mfunda wa Chisale. Asemi a ku Kungoni anasema mitanda, maguwa, zitseko ndi zifaniziro za Amayi Maria atabereka Mwana kumbuyo, ndipo ntchito zawo zili m'matchalitchi ambiri m'dziko muno ngakhalenso kunja, monga m'kachalitchi ka bungwe la Missio mumzinda wa Munich ku Germany. Pamalo pomwepo pali nyumba yosungiramo zakale ya Chamare, dzina limene anthu ankatchulira Abambo Champmartin, m'mishoni wakale wa ku Mua. M'menemo muli zigoba za gule zoposa 400. Abambo Boucher anatha zaka makumi angapo akulemba dzina la chilombo chilichonse, nyimbo yake, kavinidwe kake ndi tanthauzo limene akuluakulu ankapereka, ndipo buku lalikulu la ntchitoyi linatuluka mu 2012.

Ena amafunsa ngati chigoba cha ku Chamare sichili chimodzimodzi ndi cha ku Trocadéro chija, popeza zonse zili chete pakhoma. Funsoli ndi lachilungamo, ndipo mbali ina ndi loona: nyumba yosungiramo zakale imapulumutsa mtengo ku chiswe koma singasunge fumbi la pabwalo. Kusiyana kwake n'kwakuti ku Mua anafunsa eni ake, analemba nyimbo pambali pa nkhope, ndipo nyumbayo ili pakati pa midzi imene ng'oma zake zimalirabe. Mnyamata wotuluka m'Chamare akhoza kukumana ndi Chadzunda wamoyo panjira yopita ku Mtakataka.

Pamene zonsezi zinkachitika, msemi wa kudambwe sanaike pansi kasemasema. M'nthawi ya Kamuzu Banda gule anatuluka m'midzi n'kumavinidwa masana pa misonkhano ya ndale ndi pa zikondwerero za dziko, zimene zinamupatsa ulemu watsopano komanso zinamuika m'manja mwa andale. Achewa opita kukagwira ntchito m'migodi ndi m'mafamu a ku Zimbabwe anapita naye kumeneko, ndipo akuvinidwabe. M'chaka cha 2005 UNESCO inamulengeza kukhala chuma cha chikhalidwe cha anthu onse, m'dzina la Malawi, Zambia ndi Mozambique, ndipo chaka ndi chaka mu Ogasiti magule a maiko atatuwa amakumana pa mwambo wa Kulamba ku Mkaika, ku Katete, kwa Kalonga Gawa Undi.

Zilombo zatsopano zinapitiriza kubadwa. Galimoto ndi ndege zitafika, amisiri anaziluka ndi makoko a chimanga monga ankalukira nyama zakuthengo. Matenda a Edzi atalowa m'dziko m'zaka za m'ma 1980, kunatuluka nkhope zowonda zochenjeza achinyamata pa nthawi imene anthu ambiri ankaopa kutchula dzina la matendawo pagulu. Ngakhale oimba a pa wailesi ndi a m'mafilimu anasemedwa. M'nyumba yosungiramo zakale ya Brooklyn ku New York muli chigoba cha gule wamkulu cha nkhope ya Elvis Presley, woimba wa ku America amene anamwalira mu 1977. Msemi wake anachipatsa khungu loyera, tsitsi lowunjikana pamphumi ndi ndevu zotsetsereka m'masaya, monga anyamata obwera kuchokera m'tauni ankapesera m'masiku amenewo.